Mwana Wamtali wa Mimoun

Anouar ankathirira alendo madzi osamba m'manja pamene nkhalamba ina ya kutsidya kwa chigwa inamugwira pamkono n'kuyamba kumuyang'ana kumaso. Inayang'ana chibwano, mphuno, chipumi, kenaka inapendeketsa khosi kuti ione pamene mutu wake unalekezera.

"Ndiwe wa malemu?"

"Eya, agogo. Ndine Anouar."

"Unakulatu." Inamusiya mkono uja. "Mulungu akupatse mtima wopirira."

Linali tsiku la sadaka, lachitatu chiikireni bambo ake, a Mimoun, ndipo Anouar anali atatopa nako kuyang'anidwa. Kuyang'ana kumeneku anakula nako. A Mimoun anali aafupi, ojintcha, akuda ndi dzuwa la m'munda wa maolivi. Mwana wawo mmodzi yekhayo anatalika ngati mlongoti, woyererapo, wa maso otuwa. Bambowo ali moyo anthu ankangoba diso n'kuyang'ana kumbali. Tsopano ankamupenyetsetsa mosabisa, shuga woumba wopepesera maliro ali m'khwapa.

Anamaliza mzere wa amuna n'kukataya madzi otsala patsinde pa mkuyu. M'chipinda chachikulu ashehe anali atayambanso kuwerenga Korani ndi mawu osasa. Mbale za kusikusi, chakudya cha tirigu, zinkangotuluka m'khichini n'kubwerera zopanda kanthu. Msana unkamuwawa.

"Iwe," anamuitana a Allal, mng'ono wawo wa malemu. "Tabwera kuseri kuno."

Anakaima pafupi ndi khola la nkhosa. A Allal anayatsa ndudu, n'kuizimitsanso pakhoma isanapse n'komwe. Nawonso maso anali atafiira, pakuti ndiwo anasambitsa mtembo wa mkulu wawo.

"Sindikufuna phokoso," anayamba motero. "Ndakalamba, phokoso limanditopetsa. Koma nkhani ya munda tiikambe anthu asanabalalike."

"Dothi la pamanda silinaume, bambo aang'ono."

"Likamadzauma, dzina lako lidzakhala litalembedwa kale pa mitengo yonse. Lamulo ukulidziwa. Pakakhala mwana wamwamuna, abale a malemu sapata kanthu. Ngati mwanayo alidi mwana."

Anouar anangoyang'ana nkhosa zikubzikula.

"Usandiyese woipa. Dzikoli sindinalenge ndine. Taona nkhosa iyo. Uibweretsere mwana wa inzake, imununkhiza n'kumugunda ndi mutu. Palibe anaiphunzitsa. Mwamuna amathyoka msana chifukwa cha mbewu yake, osati ya munthu wapaulendo. Mitengo ija anabzala ndi bambo athu. Ine ndili ndi anyamata anayi ongoswera pa khofi m'tauni, wamng'ono uja wayamba kale kunong'onezana ndi eni mabwato owolotsa anthu ku Spain. Iwe uli ndi takisi yako ku Nador."

"Ndiye mukufuna chiyani?"

"Masiku ano n'zosavuta. Akuti amangotenga malovu, anga ndi ako, n'kukawayeza kuchipatala. Ine ndi achimwene ndife magazi amodzi. Zikagwirizana, ndidzakupsompsona pamutu mudzi wonse ukuona. Zikapanda kugwirizana, munda wakumtunda ubwerere kwa eni ake, iwe ndi mayi ako mutsale ndi nyumba. Sindine chilombo ine."

"Nanga ndikakana?"

"Hadda wabwera. Ali m'nyumbamo ndi mayi ako."

Anouar ankawadziwa mwa mbiri chabe mayi Hadda. Anali mkazi woyamba wa a Mimoun. Anakhala m'nyumba yomweyi zaka zambiri osaona mwana, ukwati n'kutha. Atakwatiwa ndi wogulitsa nyama wa ku Zaio, anabala ana odzaza bwalo.

"Munda womwewo, wofesa wina, tirigu n'kumera," anatero a Allal. "Ndiye vuto linali kuti? Sindikufuna kumufunsa pagulu, koma ukandikakamiza ndimufunsa."

Anouar anawapeza mayi ake, a Yamna, m'chipinda chakumbuyo, atavala zoyera za umasiye kuyambira kumutu mpaka kuphazi. Pambali pawo panakhala mayi wina wonenepa, wa mphini pachibwano, atavula nsapato, akusisita bondo lotupa.

"Tseka chitseko, mwana wa Mimoun," anatero mlendoyo. "Ndipo werama, ungatigwetsere denga. Allal wakuuza kale? Ndamuona akukukokera kukhola ngati akukagulitsa mbuzi yakuba."

Anouar anawapsompsona padzanja n'kukhala pamkeka. Funso anali nalo kuyambira ali kusukulu, kumene linamumenyanitsa ndi anzake kangapo mpaka kutuluka magazi m'mphuno, koma kunyumba sanalitulutsepo. Ngakhale tsopano linakana kutuluka.

"Amayi," anangotero.

A Yamna sanadzutse maso. Zala zawo zinkapotokola nsonga ya nsalu.

"Ndinene ndine, mnzanga?" anafunsa mayi Hadda.

A Yamna anavomera ndi mutu.

"Bambo ako analibe mbewu," anatero mayi Hadda, mosazungulira. "Anadwala matsagwidi atakula kale, matendawo n'kutsikira kumunsi. Ife sitinkadziwa. Apongozi anga anandimwetsa mizu yonse ya m'phiri lino, anandiyendetsa kumanda a anthu oyera mtima mpaka mapazi kung'ambika. Tsiku lina Mimoun anapita yekha kwa dokotala ku Oujda. Anabwerako ali duu. Anadya, anasamba m'manja, n'kundiuza kuti, 'Hadda, ndikukusiya. Ana a anthu ukumawayang'ana ngati munthu wanjala. Pita ukapeze ako.' Ndinamutukwana. Ndinamugenda ndi mbale. Ndinkamukonda wamfupi ujatu, koma ndinapita, chifukwa ankanena zoona. Thupi likafuna mwana silimva za chikondi."

Anasintha kakhalidwe, n'kusuntha mwendo wotupa uja ndi manja onse awiri.

"Patapita zaka, ine mwana wachitatu ali kumsana, ndinamupeza uyu akulira kuseri kwa nyumba yolongedzera malalanje ku Berkane. Anali kamtsikana. Mnyamata wake anamulonjeza ukwati, n'kukwera sitima yapamadzi osatsanzika, koma katundu anasiya. Bambo ake a mtsikanayu akanamva, sindikudziwa kuti tikanamupeza kuti. Ndiye ndinakwera basi kubwera kuno. Ndinamupeza Mimoun ali pamakwerero, akudulira nthambi. Ndinati, 'Tsika, ndakupezera mkazi ndi mwana ulendo umodzi.'"

"Iwo anati chiyani?"

"Anafunsa ngati mtsikanayo akufuna. Basi. Kutalika kwa mnyamata uja sanafunse, ndipo pamenepo ndi pamene analakwitsa." Mayi Hadda anaseka pang'ono, kenaka anapukuta m'maso ndi chikhatho.

"Sanandifunsepo dzina lake," anatero a Yamna, akulankhula ndi nsalu ija. "Mpaka tsiku lomwalira. Nthawi zina ndinkalakalaka andifunse, andikalipire, zithe. Iwo ayi. Ankangoti, mwana wadya?"

Anouar ankayesa kuti tsiku limene adzamve zimenezi lidzamugwetsa pansi. Koma anangomva ngati munthu amene watula thumba limene analisenza mtunda wautali, n'kupeza kuti mapewa akupwetekabe. Anayesa kuganiza za munthu wa pasitima uja, koma m'mutu simunabwere nkhope iliyonse. Anayang'ana zala zake zazitali, n'kuzibisa pakati pa mawondo.

Dzuwa litapendeka, amuna ambiri atapita kumzikiti, a Allal anagogoda. Anouar anatsegula. Pabwalo amayi amene ankatsuka mbale anachepetsa phokoso la madzi.

"Hadda, ndili ndi funso limodzi."

"Funsa uli pomwepo. Bondo langa silidzukira iwe."

"Unakhala ndi achimwene zaka zonse zija, mwana panalibe. Uwauze anthu chifukwa chake."

"Za kuchipinda kwa mkulu wako ukuzifuna iwe? Pa maliro ake?" Mayi Hadda anakweza mawu kuti otsuka mbale asavutike kutchera khutu. "Ine ndikuuza zimene ndinaona masana, ndi maso angawa. Tsiku lopatsa mwanayu dzina, ndani anagwira miyendo ya nkhosa pamene Mimoun ankanena kuti, 'Anouar, mwana wa Mimoun'? Ndiwe. Ndani anayamba kudya chiwindi? Ndiwe. Kuwerenga miyezi unkadziwa kale nthawi imeneyo, Allal. Nyama inatsika bwinobwino. Lero ndiye ikubwerera kukhosi?"

Wina pabwalo anaseka, n'kudzitseka pakamwa.

"Achimwene anali moyo," anatero a Allal chapansipansi. "Ndikanawauza chiyani? Ankazungulira naye msika wonse, kuonetsa aliyense, ngati atola golide pamsewu." Anakhala pakhomo pomwepo, nagwira mutu. "Ndatopa, Hadda. Mwana wanga akamira m'nyanja, ndidzamuuza chiyani mayi ake? Kuti munda unalipo, koma ndinachita manyazi?"

Anouar anayang'ana pamutu pa bambo ake aang'ono, dazi lofanana ndendende ndi limene analiphimba ndi nsalu yoyera dzana lija. Kufanana kumeneko kunamubaya kuposa mawu onse a tsikulo.

"Malovu anga sindipereka, bambo aang'ono," anatero. "Bambo anga ndawaika m'manda, ndilibe ena oti ndiwafunefune. Mukafuna khoti pitani, koma mukudziwa kuti likawerenga dzina limene iwo analembetsa. Chimene ndinganene n'chakuti ine kudulira mitengo sindikutha, ndipo takisi siidikira nyengo yokolola. Anyamata anu alime munda wakumtunda, mafuta tizigawana pakati. Wa mabwato uja ayambe ndiye."

"Ndiye kuti ana anga akhale antchito pamunda wa agogo awo."

"Pamunda wa agogo athu."

A Allal anamuyang'ana nthawi yaitali, kuchokera pansi pomwe anakhalapo, mpaka khosi linatopa. Anadzuka pogwira mphuthu ya chitseko.

"Ndikawafunsa," anatero, n'kumapita.

Sanavomere tsikulo, ndipo sanakane. Nkhani ya malovu sinamvekenso. Nyengo yodulira itafika, anyamata awiri anakwera kumtunda ndi macheka, wamng'ono uja ali mmodzi wa iwo. Koma a Allal anapitiriza kumuitana Anouar kuti "iwe", monga ankachitira kale.

Zimenezo zinachitika pambuyo pake. M'mawa wotsatira tsiku la sadakalo, nyumba inadzuka ili zii. Ashehe anali atapita, mikeka yobwereka itabwezedwa. Mayi Hadda anakwera basi yoyamba, akudandaula za bondo ndi za mpando wakumbuyo. Anouar ankayenera kubwerera ku Nador masana, ndipo anawapeza mayi ake atakhala pansi pakati pa zovala za malemu, akusankha zopereka kwa osauka. Malaya ogwirira ntchito, nsapato zokutha kumbali imodzi, zipewa. Pomaliza anatulutsa m'bokosi mkanjo waubweya wa nkhosa, wofiirira, umene a Mimoun ankavala Lachisanu ndi pa zikondwerero.

"Uwu sitipereka," anatero a Yamna. "Ndi wako."

"Sungandikwane, Amayi. Ulekezera m'mawondo."

A Yamna anauyala pamiyendo. Anatembenuza mkanjowo kumunsi kwake. Mkati munali mopinda mwamukulu, moposa chikhatho chotambasula, mosokedwa ndi ulusi wolimba. Anatenga kampeni ka mbatata n'kuyamba kudula ulusiwo, msoko umodziumodzi.

"Telala wa ku Zaio anakangana nawo," anatero, maso ali pa ntchito. "Iwe unali utangowapitirira msinkhu chaka chimenecho. Anati, 'Nsalu yonseyi ndi yachiyani, munthu wake muli chonchi?' Iwo anati, 'Pinda, usadule.' Unkawalemera. Nyengo yotentha ankabwerako kumzikiti thukuta lili kamukamu, koma wina sanagule."

Atatha kumunsi anamasula mikono, uku ndi uku, n'kukutumula timaulusi.

"Taima."

Anouar anaima, n'kuwerama kuti amuveke kumutu. Ubweyawo unkanunkha utsi wa nkhuni za maolivi ndi sopo wa bambo ake. Mkanjowo unatsika, unadutsa mawondo, n'kukaima mu akakolo. Mikono inafika pamfundo za manja. Pamsongolo panatsala mzere wozungulira, woderako, pamene panali popinda zaka zonsezo.

A Yamna anagwada n'kuyamba kuusalaza mzerewo ndi chala chachikulu.

"Ndiusita," anatero. "Uchoka."

"Usiyeni, Amayi."