Pamene Ghislaine Sanadule

"Usakhudze ndi manja opandatu kanthu," anatero Maëlle. "Magolovesi ali apowo."

Thibault anamuyang'ana mlongo wake mom'nyogodola. "Wangotsika ndege dzulo, lero watiphunzitsa kale malamulo a nyumba ino?"

Anali m'chipinda chomwe mayi awo, Ghislaine, ankagwirira ntchito ku Montreuil, pafupi ndi mzinda wa Paris. Moyo wawo wonse mayiwo ankadula ndi kulumikiza mafilimu a anthu ena, ndipo opanga mafilimu ankawaopa. Munthu wa m'filimu akangomaliza mawu ake, iwo ankadula pomwepo, ngakhale misozi ikanali m'masaya. Tsopano anali gone kunyumba ya chisoni, ndipo a kumeneko anali atanena kuti kafilimu ka banja kodzaonetsa pamaliro mawa katalika, kafupikitsidwe.

Maëlle anali asanavule chikhoti. Paris amene anamusiya akupita ku Nouméa, kutali kutsidya kwa nyanja, anamupeza atagulitsidwa. Nyumba ya kanema ya pakona inali itasanduka sitolo ya nsapato.

"Fulumira," anatero. "Sitima yanga ndi ya madzulo ano."

"Ndiye kuti kumaliro sudzakhalako?"

"Ndikalire ndani? Ine anandidula kalekale. Zaka zonsezi, ngakhale foni imodzi!"

"Iwe unayimba?"

"Amene anati ndikatuluka pageti ndisadzabwerenso ndani? Unalipo, unkadya tchizi ngati sukumva."

"Ndipo amene wakhala akuwasambitsa miyezi yonseyi ndani? Iwe unali kuwothera dzuwa, dona."

Thibault anayatsa makina mwaukali. Filimu inayamba kuyenda, kagalasi kanawala. Bambo awo akutsegula botolo la vinyo, kudula. Thibault akugwa panjinga, kudula asanalire n'komwe. Chilichonse chachifupi, chouma, monga mwini wake.

Kenako Maëlle anadziona yekha, mtsikana wa tsitsi lalitali, atanyamula sutikesi. Sankadziwa kuti tsiku limenelo mayi ake ankamujambula pawindo. Mtsikanayo anamenyetsa geti, natuluka m'chithunzi.

Geti linatsala. Linagwedezeka, n'kuima. Kunadutsa galimoto. Kunadutsa mayi wina ndi galu. Filimu inkangoyendabe.

"Ndi apa pamene ndikufuna kuchotsa," anatero Thibault, akutola sizasi. "Palibe chikuchitika. Anali atakalamba, anaiwala."

"Amayi kuiwala kudula? Usandiseketse. Imitsa."

"Uli ndi sitima yoti ukwere."

"Ndati imitsa, chitsiru iwe!"

Maëlle anavala magolovesi oyera aja, nakweza filimuyo kuwindo. Ghislaine asanadule ankayamba alemba kamtanda ndi pensulo yamafuta, ndipo akalemba, sizasi inkatsatira. Kamtanda kanalipodi, pamalo ake enieni, pomwe chidendene cha mtsikana chinatulukira. Koma kanali kofufutidwa ndi chala. Patsogolo pang'ono panali kena, kofufutidwanso. Maëlle anakoka filimu, ikudzipinda pansi pa mapazi ake. Timitanda tinapitirira, tina ta pensulo yofiira, tina ta yoyera, tomalizira tokhotakhota ngati ta dzanja lonjenjemera.

"Nkhalamba youma mutu," anatero Maëlle. "Foni inali pomwepa, pambali pa chigongono chawo."

Thibault anali atagwirabe sizasi. "Ndiye ndiwauze chiyani anthu aja? Akuti katalika."

Maëlle anam'landa sizasiyo, naiponya m'dirowa.

"Uwauze adikire. Akakana ndikayankhula nawo ndekha mawa."

Anakhala pampando wa mayi ake, nayamba kukulunga filimuyo pang'onopang'ono, akusamala kuti chala chake chisafufute kamtanda ngakhale kamodzi.