Kanambala Kapamwamba pa x

Aise, takhala pansi ndikuuze zimene anachita wometa tsitsi wina amene anthu amangomutchula kuti Shasha. Kusukulu masamu ankangowamwa ngati madzi, koma ntchito yake yeniyeni inali kupusitsa anthu. Ndi uja anathira mchere m'botolo la shuga, mpaka alendo kumwa tiyi akumwetulira mokakamiza. Pakhomo onse anasiya kumukhulupirira, kupatula mlongo wake wamng'ono wa kusekondale.

Lachiwiri masana mtsikanayo anafika kushopu ndi kope, n'kukhala pabenchi ya makasitomala. Anali atadwala masiku atatu, phunziro la mapolinomiyo n'kumudutsa, pomwe Lachisanu kunali mayeso osankhira ana awiri opita kumpikisano wa masamu. Anafunsa kuti 5x² + 7 + 2x³ + 9x amazisanja bwanji kuyambira chachikulu.

Shasha yankho ankalidziwa bwinobwino. Umayang'ana kanambala kapamwamba pa x, kaja amati pawa. Wa pawa wamkulu amatsogola, enawo n'kumatsika, nambala yopanda x kumapeto: 2x³ + 5x² + 9x + 7. Koma satana wake anamunong'oneza. Anatsinzinira kasitomala pagalasi, n'kuuza mlongo wakeyo kuti masamu nawo ali ndi ulemu, nambala yonenepa yakutsogoloyo ndiye bambo, singayende kumbuyo kwa ana. Mtsikana analemba 9x + 7 + 5x² + 2x³, mpaka kudula mzere kunsi ndi rula.

Shasha ankati aulula madzulo pachakudya, aseke onse. Koma makina ometera anafa kasitomala atametedwa mbali imodzi yokha, kunali kukangana, nkhani ya kope n'kuiwalika.

Lachisanu mtsikana anabwera maso ali psuu. Mafunso asanu onse a kusanja analakwa, malo n'kumuphonya ndi mamalikisi atatu. Anafotokoza kuti anatsutsana ndi aphunzitsi kalasi yonse ikuona, kuwauza kuti achimwene ake sangalakwitse masamu, anzake n'kumuseka mpaka belu.

"Achimwene, Lolemba tipitire limodzi mukawaonetse. Mwina buku lawolo ndi lakale."

Shasha anayamba kusesa tsitsi pamalo posesa kale. Anapukuta galasi. Kenako anatenga kope lija, n'kulemba yankho loona pansi pa mzere wa rula uja, n'kunena kuti zija zinali zocheza chabe.

Mtsikana anayang'ana kopelo nthawi yaitali. Sanalire, sanakalipe.

"Ndiye munkadziwa," anatero, n'kutseka kope.

Lolemba Shasha anatseka shopu, kuvala malaya a kolala, kukapepesa kusukulu. Aphunzitsi anamumvetsera mpaka kumapeto, anamuuza kuti mayina anatumiza kale, n'kumufunsanso kuti ali ndi zaka zingati. Funso limenelo likumuwawabe.

Masiku ano mlongo wakeyo mapolinomiyo amasanja ali chitsinzinire. Amabwerabe kushopu, amamupatsa moni bwinobwino. Koma dzana Shasha atamuuza kuti atenge ambulera kunja kukugwa mvula, mtsikana anayankha kuti chabwino, n'kupita kaye pawindo kukasuzumira. Mvula inalidi kugwa. Shasha anangozimitsa makina, kasitomala n'kumufunsa ngati makinawo afanso.

Nanga iwe aise, unapusitsapo ndani nthabwala n'kukuthera m'manja chonchi? Lemba m'munsimu, usachotse mbali imene ikukuchititsa manyaziyo.