Womasulira m'Holo ya ku Partick

Temwani anafika ku Glasgow ali ndi zaka zinayi. Tsopano anali ku yunivesite, akuphunzira za mafilimu, ndipo nkhani yomwe ankalemba yomalizira maphunziro inali ya achinyamata a m'mafilimu a ku China, aja amachoka kumudzi n'kukasochera m'mizinda yomera ngati bowa. Ndiye a Fryson, mkulu wa mpingo, atapempha achinyamata kuti akonze kanthu Loweruka masana m'holo ya tchalitchi ku Partick, dera lina la mu Glasgow momwemo, Temwani anadzipereka. Anati abweretsa filimu, ndipo azimasulira yekha m'Chichewa kuti makolo odzacheza kuchokera ku Malawi amve nawo.

Poyamba zinayenda. Mtsikana wa m'filimumo atakwera sitima, Temwani ananena kuti wakwera sitima. Atalowa ntchito mufakitale ya nsapato, ananenanso. Koma mtsikanayo atabwerera kwawo n'kupeza nyumba yawo anaigwetsa, amayi ake akukhala m'kachipinda pamwamba pa nyumba yansanjika, zokambirana zinatalika. Mawu a Chingerezi pansi pa chithunzi ankathamanga, a Chichewa osabwera.

"Akuti... mayi, iwe, ndakusowa," anatero Temwani, kenako n'kukakamira.

Wina kumbuyo anaseka chapansipansi. Mayi Agatha, omwe anali atangofika kuchokera ku Zomba kudzaona zidzukulu, anatukula mutu.

"Mwanangu, amayi ake akuwatchula kuti iwe? Ku China amatero?"

"Ayi, ndalakwitsa ndine," anayankha Temwani.

Anayesanso kawiri, lilime osalola. A Fryson ananyamuka mwakachetechete, n'kumulandira maikolofoni, n'kupitiriza kumasulira bwinobwino mpaka kumapeto. Temwani anangokhala pafupi ndi laputopu, maso pansi. Bambo ake, omwe sabata yonse ankauza anthu kuti mwana wawo ndi katswiri, sanacheukire kumene iye anali.

Pa nthawi ya tiyi, Mayi Agatha anamutsatira pakona.

"Filimu ija yandikhudza. Mwana wanga wa ku Lilongwe nayenso akabwera kumudzi sachedwa. Koma tandiuza, bwanji mtsikana uja anakana kugona kwa amayi ake?"

Temwani yankho ankalidziwa. Funso lomwelo anali atalilembera masamba khumi ndi awiri, aphunzitsi n'kumuyamikira. Anatsegula pakamwa, koma zonse zinali m'Chingerezi.

"Sindikudziwa, amayi," anatero.

Mayiwo anagwedeza mutu mokoma mtima n'kupita kukathira tiyi wina.

Temwani anasanja mipando mpaka holo inatsala mbee. Bambo ake atamuitana kuti akwere galimoto, anati ali ndi zina zoti achite kulaibulale, n'kulowera kusiteshoni yekha.