Masekondi Anayi a Lipenga

Anthu ankamutcha Chikaseti, ndipo dzinalo linkamukhala. Chipinda chake chinali makatoni a makaseti okhaokha, moti mkazi wake ankati tsiku lina adzachita kumufukula ndi fosholo. Ntchito yake inali kusamutsa nyimbo zakale za hipuhopu kuchoka pa makaseti n'kuziika pa intaneti, kuti zisafe pamodzi ndi eni ake.

Tsiku lina mlamu wake, mkazi wa malemu mng'ono wake, anabwera ndi kaseti yokulunga m'kansalu. Munali nyimbo imodzi yokha imene malemuyo anajambula pa moyo wake wonse.

Makaseti okalamba ndi achipongwe, ena amalira kamodzi basi. Iyi inalira mpaka kumapeto, kenako wailesi inaitafuna, tepi yonse nyenyenye. Chikaseti anaipombanso ndi cholembera, osauza munthu. Nanga si nyimbo inali italowa kale mu kompyuta? Anaiika pa tsamba lake la pa intaneti n'kuifufuta mu kompyuta monga mwa chizolowezi, poti kakompyuta kakeko kankadzaza msanga.

Patatha miyezi iwiri kunabwera kalata ya maloya a kampani ina. Anyamata a hipuhopu a kale aja ankadula kachidutswa ka nyimbo ya wina n'kumakabwereza, iwo n'kumalakatula pamwamba pake. Mng'ono wa Chikaseti uja anatola masekondi anayi a lipenga. Anayi okha! Kampaniyo inati lipengalo ndi lake.

Chikaseti analemba makalata atatu ochonderera, kuti woimbayo anamwalira ndipo palibe akugulitsa kanthu. Ankamuyankha ndi makina, mawu omwewomwewo. Lachisanu tsamba lonse analitseka, nyimbo mazana asanu ndi limodzi psiti. Zinamuwawa.

Loweruka mlamu uja anagogoda.

"Alamu, mwana wanu akuti nyimbo ya bambo ake sikutsegukanso pa foni."

"Atitsekera, mlamu. Akuti tinaba lipenga."

"Kuba? Munthu ali m'manda?" Anapukusa mutu, kenako anaseka pang'ono. "Asiyeni adye lipenga lawolo. Bola kaseti ilipo. Ndipatseni, tizikamvera kunyumba."

Chikaseti anatsegula kabati pang'onopang'ono. Anaitenga kasetiyo n'kuipereka ndi manja awiri.

Mayiyo anaipukuta fumbi, naiika bwinobwino m'chikwama.

"Mulungu akudalitseni, alamu. Pakanapanda inu, sindikudziwa."

Anamuperekeza mpaka pa geti, osamuuza kuti kasetiyo siidzaliranso.