Dothi la Kumanda pa Thalauza Langa

Loto la dzana likundisowetsabe mtendere. Ndinalota Chipwete, tambwali wa m'nthano yomwe ndinalemba, atatuluka m'buku. M'nthanomo amadzipaka dothi pamaliro kuti adye nawo nyama ya adzukulu okumba manda, chonsecho khasu sanaligwire.

Anandikokera kusiwa akununkha inki. Anthu anatiyang'ana, mbale zili m'manja. Thalauza langa linkalemera ndi dothi lonyowa, lozizira.

"Alembi," anatero Chipwete, "auzeni anthuwa amene anandiphunzitsa."

M'kamwa mwanga munadzaza nyama yosamezeka. Malume, omwe tinawaika chaka chatha, anadzuka m'bokosi nandifunsa mofatsa, "Wakhuta, mphwanga?"

Ndinadzidzimuka thukuta lili kamukamu. Kaya malume akufuna chiyani. Owerenga amanditama kuti ndimadziwa kupeka, koma nkhani imeneyo sindinapeke. Anadzipaka dothi pamaliro a malume ndine.