Mlandu wa Manda a Papulazi

Fungo la penti linawalandira asanalowe n'komwe pageti la khothi la kuboma. Ruksana anatseka mphuno ndi mpango.

"Baba, ndi khothi lanu lija ili?"

"Lomweli," anayankha bambo ake, Che Musa. "Kwabwera jaji wa khothi lalikulu kuchokera ku Harare, akuti adzaone chimene milandu ikukalambira m'mashelefu. Ndiye apenta miyala."

Anaipentadi, pamodzi ndi tsinde la jakaranda. Chimbudzi chokha anangochikhoma ndi loko.

Ruksana anakhala ku Joni zaka zambiri. Atabwerera kupulazi kufupi ndi Mvurwi anapeza komboni imene anakuliramo theka ili mabwinja, bwalo la mpira lamera tsekera, ndipo manda a Asilamu, kumene kunagona mayi ake, atazingidwa ndi waya. Mwini pulazi watsopano ankafuna kulimapo fodya. Che Musa anapempha khothi kuti limuletse, ndipo ichi chinali chaka chachinayi akuyendera. Lero majisitireti ali patchuthi, ulendo wina faelo yasowa, ulendo wina loya wa mwini pulazi wagwidwa chimfine. Thirakitala ya mwini pulaziyo yokha ndiyo sinkadwala. Chimene chinkaiimitsa chinali chimodzi: mlandu unali ukadali m'khothi.

Pakhonde anakumana ndi Passmore, kalaliki wa khothi, atavala tayi yofiira.

"Sekuru a kumanda!" anatero Passmore, kutanthauza agogo. "Komatu inu ndi benchi iyi mwasanduka pachibale."

"Tayiyo wabwereka kwa ndani, mwanangu? Ikukutsamwitsa."

"Sekani, sekuru. Lero tikusesa. Milandu yonse yakale iitanidwa."

M'kati munali modzaza, motentha ngati m'balani ya fodya. Jaji anakhala pambali pa majisitireti, botolo la madzi patsogolo pake, maso pawotchi. Milandu inkathamanga moti ena ankatuluka asanamve chimene agamulidwa.

Tsikulo linali Lachisanu. Dzuwa litafika paliwombo Che Musa anadzuka n'kukonza chipewa chawo choyera.

"Mukupita kuti?" Ruksana anawagwira mkanjo.

"Kumzikiti, kuseri kwa msika. Nthawi ino majisitireti amapita kukadya, sabwera mpaka dzuwa litapendeka. Khothi lino ndikulidziwa kuposa nyumba yanga."

"Koma lero kuli jaji, baba."

"Jajiyo alibe mimba?"

Anatuluka. Majisitireti sanadzuke. Anayang'ana jaji, n'kuuza Passmore kuti apitirize. Dzina lachitatu linali la Che Musa. Analiitana m'kati, wapolisi analibwereza pakhonde.

Ruksana anaimirira. "Apita kukaswali, bwana. Abwera posachedwa. Ndine mwana wawo."

"Ndinu loya wawo?" anafunsa majisitireti.

"Ayi, koma zaka zinayi sanajombepo ngakhale..."

"Wodandaula palibe. Mlandu wachotsedwa. Wotsatira."

Loya wa mwini pulazi, amene tsikulo chimfine chinali chitamusiya, anawerama n'kutuluka foni ili kale kukhutu. Jaji anagwedeza mutu mokhutira n'kumwa madzi.

Che Musa atabwera anapeza Passmore akumasula tayi pansi pa jakaranda, galimoto ya jaji ikutuluka pageti.

"Watiyamikira," anatero Passmore. "Akuti chigawo chonse chitengere ife. Musadandaule, sekuru, mukhoza kupempha kuti aubwezeretse. Kungoti masiku adzaza mpaka mvula itatha."

"Mvula ikamatha mayi anga adzakhala ali pansi pa mizere ya fodya!" anakalipa Ruksana. "Mwasesadi. Mwasesa anthu, milandu mwaibisa kuseri ngati chimbudzi chanucho."

"Sisi, kuno si ku Joni."

Che Musa sanakwiye. Anayang'ana amuna awiri omangidwa unyolo amene wapolisi ankawatsogolera kukhomo lakumbali.

"Awo agwidwa liti?"

"Dzana. Anadula waya wa pulazi ina."

"Dzana? Lero aonana kale ndi majisitireti?"

"Milandu ya upandu sichedwa, sekuru. Lamulo sililola."

Anakwera minibasi yobwerera kupulazi. Atatsika panjira yafumbi anaona thirakitala itaima pafupi ndi manda, khasu lake lomangidwa kale kumbuyo. Che Musa analowa m'nyumba, natuluka atavala jekete lochindikala, mapiritsi awo a shuga ali m'thumba, chodulira waya chili m'manja.

"Baba, akumangani."

"Ndikufuna zomwezo. Lolemba ndidzaima pamaso pa majisitireti, ndipo adzandifunsa yekha chifukwa chimene ndadulira. Zaka zinayi sanandifunsepo kanthu."

Ruksana anayang'ana manja awo ofooka ndi ukalamba. Sakanatha kudula ngakhale chingwe cha mtolo wa fodya. Anavula mpango n'kuumanga m'chiuno.

"Bweretsani kuno," anatero. "Inu mukagwire wayayo kuti asagwedezeke."