Mlamba wa Lachinayi

"Amayi, kodi adadi anadya chiyani tsiku limene anamwalira?"

Darlene anafunsa zimenezi ali wamng'ono, mano akutsogolo ataguluka, ndipo mayi ake, Vernice, anasowa choyankha. Mwamuna wake Clifton anatuluka m'nyumba osadya tsikulo, masana n'kuwomberedwa ndi wakuba pamalo omwetsera mafuta pomwe ankagwira ntchito.

Funsolo linamubwerera Vernice patapita zaka, m'mawa umene wailesi inalengeza kuti wopha Clifton aphedwa ndi jakisoni Lachinayi, ndipo kuti chakudya chomaliza chimene wapempha ndi mlamba wokazinga, therere ndi ayisikilimu. Vernice anathimitsa wailesi n'kulunjika kumpanda. Neba wake Odell, yemwe ankaphika kundende kumene kunali wopha Cliftonyo, anali kuthirira tomato.

"Ndiye mukamukazingira mlamba, eti?"

"Mwadzuka bwanji, mayi Vernice?"

"Moni wanuyo khalani naye! Munthu anapha mwamuna wanga, lero akumufunsa ngati mlendo wa pahotela, mudya chiyani bwana? Clifton anamufunsa ndani?"

"Ndi mwambo wa kumeneko. Sindinauyambitse ine."

"Kanani! Apo ayi kathirenimo mchere wodzaza dzanja. Mukakamuphikira bwino, pakhomo panga musadzapondeponso."

Odell anatseka mpopi. "Ndikaphika, ndipo ndikaphika bwino. Ambiri mbaleyo saikhudza n'komwe. Koma kumuipitsira munthu chakudya dala, ine ayi."

"Dziko lonse lidziwa chimene chigawengacho chadya," Vernice anakalipa. "Mwana wanga anandifunsa chimene bambo ake anadya tsiku lija, mpaka lero sindinamuyankhe!"

Odell anasendera kumpandako.

"Bwanji simunandifunse? Anadyera pakhonde pangapa. Mazira okazinga ndi buledi wa chimanga, choimirira, akuti achedwa. Anati khofi wanga ndi madzi otsukira mbale, koma anamwa yense."

Vernice anagwira mpanda ndi manja onse. Kanenedwe kameneko kanali ka Clifton ndithu. Mkwiyo sunamuchoke, unangosowa poutulira.

"Darlene akubwera Lamlungu," anatero Vernice. "Mudzamuuze ndi pakamwa panu. Mudzaphike zomwezo, ndi khofi wanu woipayo. Koma za Lachinayi musadzanditchulire, kaya adya kaya asiya."

"Sindidzatchula, mayi. Lamlungu ndibwera ndi chiwaya changa."